Ndime Imene Ndinaidumpha Dala

Ndakhala ndikutayipa zolemba za anthu kwa zaka zambiri m'kashopu kathu ka fotokope, pafupi ndi pokwerera maminibasi amene kuno timati makombi, m'tauni ya Bulawayo, ndipo chinsinsi cha ntchitoyi ndikuuzeni lero: wotayipa wabwino sawerenga. Maso amatola mawu, zala n'kuwaponya pakompyuta, mutu uli kwathu kulokeshoni ya Luveve kuganiza ngati madzi atuluke lero pampopi. Ukayamba kuwerenga wachedwa, ndipo posakhalitsa uyamba kulowerera nkhani za eni. Ndatayipa makalata ofunsira ntchito, mapulogalamu a maliro, ngakhale makalata achikondi a azibambo aulemu wawo, koma mutandifunsa zimene zinalimo sindingakuuzeni.

Mwa makasitomala anga onse, wovuta kwambiri anali mayi wina wophunzitsa zamalamulo kuyunivesite. Tinkawatchula kuti a Dokotala, ngakhale kuti ukanawauza kuti mutu ukupweteka akanangokufotokozera mbiri ya mutu kuyambira nthawi ya atsamunda. Kompyuta anali nayo, koma ankati maganizo awo amatuluka ndi pensulo basi. Ankabwera ndi mapepala odzaza mbali zonse, mivi ili apa ndi apo, ndipo kumunsi kwa tsamba lililonse kunali timawu ting'onoting'ono ta manambala, tonena kuti izi ananena ndi uje, koma uje anatsutsa. Timawuto tinkandiwawitsa maso. Nkhani imodzi ankatha kuibweza kanayi kuti ndisinthe. Ine ndinkangoti yebo, mumtima ndikuwanena.

Chaka chimene bambo anga anamwalira ndi chimene ndinaphunzira kuwerenga zimene ndikutayipa.

Bambo anabwera kuno ali mnyamata kuchokera cha ku Dedza, ndipo anagwira ntchito kunjanji mpaka kupuma. Amayi anabadwira m'komboni ya pamgodi, kwa makolo a ku Nyasalande, ndipo Malawi amangomumva pakamwa pa anthu. Nyumba yathu ku Luveve ndi ya zipinda zinayi, kuseri kuli mtengo wa mapichesi umene zipatso zake zimakhala ndi mphutsi chaka chilichonse, koma amayi salola kuti udulidwe. M'nyumbamo ndinabadwiramo ine ndi mng'ono wanga amene ali ku Joni. Bambo sanasiye wilo. Akafunsidwa ankati wilo ndi kuitana imfa, ndiye imfayo inabwerabe osaitanidwa.

Tinkadziwa kuti bambo ali ndi mwana wina wamwamuna wa kwa mkazi wawo woyamba. Ankakhala kulokeshoni ya Pumula, akuwotcherera mageti ndi mawindo. Ndili mwana ankabwera pa Khirisimasi nthawi zina, n'kukhala kumphepete kwa mpando ngati akudikira basi. Ndinkawatchula kuti achimwene chifukwa amayi anandilamula kutero. Pamaliro ananyamula nawo bokosi, osalankhula zambiri.

Patatha milungu itatu chichotsereni tenti ya maliro, achimwenewo anabwera Loweruka masana. Sanali okha. Anali ndi bambo wina wa jekete lakuda, amene anakalamba akunyamula makalata pa ofesi ya maloya mpaka kuyamba kudziyesa loya nayenso. M'khwapa anapanira buku lakale la chikuto chong'ambika. Amayi anawapatsa mipando ndi tiyi.

Achimwene Chichewa amamva, koma polankhula chimawathawa, amasakaniza ndi Chindebele. Anatulutsa pepala m'pulasitiki n'kuliika patebulo.

"Uxolo, pepani mama," anatero, maso ali pansi. "Sindinabwere kudzayambana. Manje pepala ili ndi la mtchato wa baba ndi mama wanga. Silinafe. Indlu iyi, nyumba ino, papepala ndi ya ine."

Amayi anaseka pang'ono, kuseka kwa munthu amene akuganiza kuti mwana wasokoneza zinthu.

"Mwanawe, ukwati umenewo unatha iwe ukuyamwa. Bambo ako anasudzula mayi ako ankhoswe ali pompo. Luveve yense akudziwa."

Nkhani yake inali yotere, monga ndinaimvera pambuyo pake. Masiku amenewo nyumba ya banja m'lokeshoni sinkaperekedwa kwa mwamuna wopanda pepala la ukwati. Bambo, pofuna kuchoka m'chipinda cha mbeta zachimuna, anapita ndi mkazi wawo woyamba kwa abusa, n'kuchita mtchato wa setifiketi ya boma, uja wa mkazi mmodzi. Nyumba anaipeza. Banja linavuta, ndipo bambo anachita zimene munthu wolongosoka amachita kwawo: anaitana ankhoswe a mbali zonse ziwiri, nkhani inakambidwa, bambo anaika kandalama kachitsulo m'mbale n'kupereka kwa ankhoswe a kuchikazi. Kumeneko ndiko kusudzula. Mkazi anamasuka, ananyamula mwana wake n'kupita, popeza kwathu mwana ndi wa kwa mayi. Patapita zaka bambo anakumana ndi amayi anga, chinkhoswe chinachitika, nkhuku zinasinthanidwa, anthu anavina. Panalibe chobisa. Chimene palibe anaganizira n'chakuti ukwati womangidwa ndi pepala umamasulidwa ndi khoti, osati ndi kandalama m'mbale. Mkazi woyambayo anamwalira zaka zochepa bambo asanamwalire, akadali mkazi wawo m'mabuku a boma.

Bambo a jekete aja anatsokomola n'kutsegula buku lawo.

"Mayi, pepani, koma lamulo silidziwa ankhoswe. Ngati mwamuna sanasiye wilo, chuma chimapita kwa ana a mu ukwati wovomerezeka. Ana apathengo salowa. Si ine ndikunena, ndi bukuli."

Ine mtima wanga ndi wapachala, ndinatengera bambo. Ndinaimirira, n'kuwalanda kapu ili pakamwa.

"Tiyi wapathengo musamwe, bambo, angakutseguleni m'mimba."

"Iwe!" anakuwa amayi. "Mlendo salandidwa kapu!"

Koma kapuyo sindinabweze. Ndinauza achimwene mawu amene sindingawalembe pano, ena okhudza mayi awo amene ali m'manda. Iwo anangopinda pepala lawo mosamala, n'kunena kuti tikakumana ku ofesi yoona za chuma cha masiye pa tsiku limene alembera, ndipo kuti nyumbayo akufuna kuigulitsa. Atatuluka, amayi anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako anafunsa chapansipansi kuti, "Ndiye kuti zaka zonsezi ine ndinali ndani?"

Chimene chinandiopsa kwambiri si pepala lija ayi, koma amayi. Sanalire, sanadandaule. Anangoyamba kulongedza. Ndikabwera kuntchito ndinkapeza mbale zapakabati zakulungidwa m'manyuzipepala, tsiku lina makatani a kuchipinda atsitsidwa. Nkhuku zawo zinayi anapatsa aneba. Mvula inayamba, anthu onse mumsewu wathu akudzala chimanga m'timinda ta kumbuyo kwa nyumba, iwo khasu osalikhudza. Ndikawafunsa kuti mukulongedza kupita kuti, ankati, "Munthu asadzandipeze ndisanakonzeke." Koma kopita kunalibe. Kumgodi kumene anabadwira komboni inagwa kalekale, ku Malawi sadziwako aliyense. Mng'ono wanga ankaimba foni kuchokera ku Joni akulira, kunena kuti awatenga, chonsecho iye amagona chipinda chimodzi ndi anzake awiri. Ndinali ndi mantha amene sindinakhalepo nawo, ndipo mantha anga amatuluka ngati ukali, moti makasitomala anayamba kupita kwa mnzanga wa patebulo lina.

Kutatsala milungu iwiri kuti tsiku lija lifike, a Dokotala anabwera ndi mtolo wawo, akuti asinthanso zina. Ndinayamba kutayipa monga mwa masiku onse, mutu uli pa mbale za m'manyuzipepala. Ndili pakati pa tsamba lachisanu ndi chiwiri zala zinaima zokha. Zinali zitangolemba mawu a Chingerezi onena za mwana wobadwa kunja kwa ukwati. Ndinabwerera m'mbuyo n'kuwerenga tsambalo, koyamba m'moyo wanga wapantchito.

Nkhani yonse inali yofotokoza mmene makhoti amayezera malamulo ena onse ndi malamulo aakulu oyendetsera dziko. Mwa zitsanzo zawo, a Dokotala anatchula chakuti malamulo aakuluwo amaletsa kusala munthu chifukwa choti anabadwira mu ukwati kapena kunja kwake, ndi kuti khoti lalikulu, pa mlandu wa banja lina losatikhudza, linagamula kuti lamulo lakale lomana ana otere chuma cha bambo awo silingaimenso. Ndinawerenga katatu. Kenako ndinatsegula zosunga za m'kompyuta, n'kupeza kuti nkhani yomweyi ndinali nditaitayipa kale kawiri, kamodzi bambo ali moyo. Mawu opulumutsa nyumba yathu anadutsa m'zala zanga kawiri konse ine ndikuganiza za madzi a pampopi.

Ndikanalekera pomwepo bwenzi zili bwino. Koma nditayamba kuwerenga sindinathe kusiya, ndipo tsamba lotsatira linayamba ndi mawu amene a Dokotala amawakonda kuposa chakudya: komabe. Ndime yonse inali yodzudzula chigamulocho. Ankati woweruza anafika pabwino koma anadutsa njira yachidule. Ankati sanafotokoze bwino za anthu amene anamwalira malamulo aakuluwa asanabwere, sanayeze mokwanira kuwawa kwa a mbali inayo amene anakhulupirira pepala lawo moyo wonse, ndiponso kuti mabuku ena akadali ndi mawu akale.

Ndinapsa mtima. Ndinkaona ngati nkhaniyi ikasindikizidwa, jaji wina akaiwerenga n'kunena kuti zoonadi tinalakwitsa, tiyeni tibweze. Ndinayang'ana uku ndi uku, mnzanga ali kalikiliki ndi makina a fotokope. Ndime ija ndinaidumpha yonse, pamodzi ndi timawu take tiwiri ta m'munsi. Kompyuta inakonza yokha manambala, pamalopo panatsekeka bwinobwino ngati sipanakhalepo kanthu.

A Dokotala anabwera mawa lake. Anaima pakauntala, magalasi ali pamphuno, akutembenuza masamba. Sipanathe mphindi ziwiri.

"Sisi," anatero m'Chindebele chawo chodekha, "komabe wanga ali kuti?"

Ndikananama kuti makina anadya. Koma pakamwa panga sipandifunsa. Ndinawauza zonse, mokweza, anthu ali pamzere: za kandalama m'mbale, za bambo a jekete, za amayi ndi manyuzipepala. Ndinawauza kuti iwo amalemba ali pamthunzi kuyunivesite, pamene ife zimene akuseweretsazo ndi denga lathu. Ndinkayembekezera kuti aitana mwini shopu ndichotsedwe ntchito. M'malo mwake anazungulira kauntala n'kukhala pa katoni ya mapepala, chikwama pamiyendo.

Anandifunsa mafunso atatu okha. Bambo anamwalira liti? Anasiya wilo? Dzina lawo lili pa chikalata changa chobadwira? Nditayankha, anagwedeza mutu.

"Ndiye mverani. Lamulo lililonse, kaya ndi lakale bwanji, kaya linachokera m'mabuku a azungu a kutsidya kwa nyanja, liyenera kukwana m'malamulo aakulu a dziko. Woyeza ndi khoti. Likapanda kukwana, limagwa. Limeneli linayezedwa kale, ndipo linagwa. Bambo anu anamwalira malamulo aakuluwa alipo kale, choncho dandaulo langa lija silikukhudzani. Inu ndi mng'ono wanu ndinu ana a malemu, chimodzimodzi ndi mlongo wanuyo."

"Nanga bwanji buku la bambo aja likunenabe zakale?"

"Buku silimva kuti lamwalira. Limangonenabe zimene linkanena tsiku limene linasindikizidwa."

Ndinamva ngati wina wanditula mtolo pamutu, koma ukali unali usanathe.

"Ngati chigamulocho n'chabwino, mukuchinyozeranji?"

"Sindikuchinyoza. Mlatho umene anthu ambiri adzawolokepo umafunika wina augwedeze, aone pamene pali pofooka, akonze. Ndiyo ntchito yathu ife."

"Gwedezani ine nditawoloka," ndinatero.

Anaseka mpaka kuvula magalasi, ndipo aka kanali koyamba kuwaona akuseka. Kenako nkhope inabwerera mwakale. Anati za amayi sangandilonjeze kanthu, chifukwa chinkhoswe chawo chinachitika pepala lija lili moyo, ndipo pa nkhani yotere akatswiri amakanganabe. Anatinso ndisaiwale kuti ana atatu akagawana nyumba imodzi, mmodzi akaumirira kuti agulitse, nkhani imatha kubwereranso kukhoti. Anatulutsa m'chikwama kabuku ka malamulo aakulu, kakang'ono ngati ka nyimbo za kutchalitchi, anapinda tsamba limodzi n'kundipatsa. Mawa lake anabweretsa chigamulo chija kuti ndichite fotokope.

"Koma komabe wanga abwerere pamalo pake," anatero ali pakhomo.

Ndinamubwezera, ndikuwerenga liwu lililonse. Pa mawu aja onena za kuwawa kwa a mbali inayo ndinangofwenthera, n'kupitiriza.

Amayi nditawauza sanakhulupirire. Anati mapepala ndi amene anawapweteka, ndiye sangadalire pepala lina kuti liwachiritse. Anapitiriza kulongedza.

Tsiku lija tinakwera kombi ya m'mawa. Njira yonse kuchokera ku Luveve ndinkabwereza mumtima zimene ndikanene, ndipo ndinali nditakonza mawu okwana ulaliki wa Lamlungu. Kabuku kanali m'chikwama, chigamulo m'envulopu, chikalata changa chobadwira ndi cha mng'ono wanga zili m'pulasitiki. Amayi anavala zakuda zawo ndi nsapato zopitira kutchalitchi. Tinapeza achimwene ndi bambo a jekete atakhala kale pabenchi. Amayi anawapatsa moni onse awiri. Ine ndinayang'ana kukhoma.

Wotithandiza anali mayi wachitsikana amene anali ndi chimfine, kampango kali m'manja. Anafunsa dzina la malemu, anaona chikalata cha imfa, anaona setifiketi ya mtchato ija, anafunsa ngati mkaziyo ali moyo. Kenako anati, "Ana a malemu ndi angati? Onse, kaya mayi awo ndi ndani."

"Atatu," anayankha amayi, ine ndisanatsegule pakamwa.

Analandira zikalata zobadwira, n'kulemba mayina atatu, lina pansi pa linzake. Bambo a jekete anaimirira, buku lili chitsegulire, chala chili pamzere. Mayiyo anasuzumira pachikuto, n'kunena mwaulemu kuti, "Baba, zimenezo zinasintha. Ana ndi ana." Anayetsemula, anapepesa, n'kupitiriza kulemba.

Basi. Ulaliki wanga wonse unatsalira m'mimba. Envulopu sindinaitsegule n'komwe. Ndinapezeka ndikulira ngati mwana pamaso pa anthu, ine amene pamaliro a bambo ndinauma m'maso. Kunali kulira kwa mpumulo. Amayi anandigunda ndi chigongono kuti ndisawachititse manyazi.

Panja bambo a jekete anasowa osatsanzika. Achimwene anaima pansi pa mtengo wa jakaranda, akubweza setifiketi ija m'pulasitiki yake. Ine, mtima utakhala m'malo, lilime linadzukanso. Ndinapita dala pafupi.

"Mwamva, achimwene? Ana ndi ana."

Anandiyang'ana, maso ali psuu.

"Yebo, sisi, ndamva. Inu munali ndi baba masiku onse. Ine ndinali ndi pepala ili basi. Indlu ija inabwera ndi pepala la mama wanga, koma ine sindinagonemo ngakhale tsiku limodzi ndikudziwa. Manje lero mwatenga ndi pepala lomwe."

Ndinakumbukira ndime ija ndinaidumpha, ndipo manyazi anandigwira. Kandalama kamene kanamasula bambo kuti akhale bambo anga ndi komweko kanachotsa munthuyu pakhomo ali kumsana. Ndiponso ndinakumbukira chenjezo la a Dokotala: gawo lake anali nalobe, ndipo akanatha kuumirira kuti nyumba igulitsidwe. Ine ndinali nditangomuthira mchere pachilonda.

Amayi anandikankhira pambali. Anamasula mfundo ya pampango wawo n'kutulutsa kiyi wa chipinda cha kuseri, mmene munali njinga ya bambo ndi bokosi lawo la zitsulo.

"Mwana wanga, ine za mapepala sindizidziwa. Chipinda ichi ndi cha bambo ako. Zitsulo zawo zikuchita dzimbiri, ife akazi sitizidziwa ntchito yake. Ukafuna kugona, ugone. Ukafuna kugulitsa nyumba, udzandiuze uli m'kati, osati uli pageti."

Achimwene analandira kiyiyo. Anakwera kombi ya ku Pumula.

Mwezi wathunthu kunali zii. Amayi sanamasule katundu, ine tulo tinkabwera mwa apo ndi apo. Kenako Loweruka lina ndikuchapa ndinamva chitsulo chikulira kuseri. Anali achimwene, atatulutsa njinga ya bambo, aitembenuza miyendo m'mwamba, akuthira mafuta tcheni. Sanalowe m'nyumba tsiku limenelo. Loweruka lotsatira anabwera ndi makina awo n'kuwotcherera geti lathu, limene linakhala likukhwekhwereza pansi kuyambira ndili kusukulu. Amayi anawapatsa mapichesi m'pepala, n'kuwachenjeza za mphutsi. Ulendo wachitatu anagona.

Ine ndinapepesa pa mawu aja ndinanena okhudza mayi awo. Kupepesa sindikudziwa bwino, ndiye ndinachita moipa, nditaima pakhomo ndi tiyi m'manja. Iwo anangoti, "Kulungile," kutanthauza kuti zili bwino, n'kulandira kapu.

Ndi iwo amene anayambitsa zoti tilemberane. Anati safuna kuti ana awo adzabwere tsiku lina ndi pulasitiki yawo. Ndinapempha a Dokotala, ndipo anatilembera ndi pensulo tsamba limodzi lokha, lopanda timawu ta m'munsi, zimene ndikuganiza kuti zinawapweteka. Linkanena kuti ife ana atatu tagwirizana kuti nyumba ya ku Luveve sidzagulitsidwa kapena kubwereketsedwa pa nthawi yonse ya moyo wa amayi. Anatiuzanso kokasainira pamaso pa wolumbiritsa, ndi mmene mng'ono wanga angasainire ali ku Joni.

Achimwene anabwera kushopu atavala ovolosi kuti amve ndisanatayipe. A Dokotala analipo, atakhala pa katoni yawo ija. Ndinawerenga mokweza, pang'onopang'ono. Nditafika pamene pankatchula amayi, achimwene anakweza dzanja. A Dokotala, posamala kuti asalembe chimene lamulo silinavomereze, anali atawatchula kuti munthu amene akukhala m'nyumbamo pakali pano.

"Hayi," anatero achimwene. "Ameneyo ndi loja, munthu wa lendi."

Anatenga pensulo ya a Dokotala pakauntala, osapempha, anadula mzerewo, n'kulemba pamwamba ndi zilembo zawo zikuluzikulu zolembera pazitsulo kuti: mkazi wa malemu bambo athu.

A Dokotala anakweza magalasi. Ndinaona milomo yawo ikukonzeka, ndipo ndinadziwa liwu limene linkabwera.

"Komabe..." anayamba.

Anayang'ana achimwene, anayang'ana ine, zala zanga zili m'malere pamwamba pa mabatani. Anati mawuwo sasintha zimene tikugwirizanazo, ndipo sapanga ukwati pamene khoti silinaupeze, tidziwe zimenezo. Tinati tikudziwa.

"Tayipani mmene alembera," anatero.

Madzulo ake ndinapeza amayi ali khale pakhonde, akusankha nyemba. Ndinawawerengera pepalalo m'Chingerezi, kenako ndinawamasulira m'Chichewa. Nditafika pa mzere uja anandiimitsa.

"Walemba ndani zimenezo? Iwe?"

"Ayi. Achimwene."

"Bwereza."

Ndinabwereza. Kenako anaika lichero pansi, analowa m'nyumba, ndipo ndinamva phokoso la manyuzipepala. Nditalowa ndinawapeza atagwada pa katoni yoyamba, akuvundukula mbale imodziimodzi n'kumaipukuta ndi chitenje.

"Usangoima pamenepo," anatero osacheuka. "Pita kwa aneba ukawauze kuti nkhuku zija ndinangowasungitsa."